Klutz, chipika chomwe chinasanduka dzina la munthu wa manja oterera

Kapu inagwa ine ndili chiimire pakhomo ndi thireyi mmanja. Tiyi anamwazika pa bulangeti, supuni inakalowa pansi pa bedi, nde ine ndinathamangira kukaona kaye ngati agogo amene ndinkawasamalira apsa pamiyendo, mwamwayi tiyi anali atapola. Agogo aja sanakwiye, sanachitenso manyazi mmene amachitira okalamba ambiri zikawachitikira zotere, anangoyang'ana manja awo nkundiuza kuti ndisadandaule, iwo ndi klutz, akhala klutz kuyambira ali kamtsikana, si ukalamba ayi. Zinachitika pa shifiti ya mmawa mnyumba ina yosamalirako okalamba kumpoto kwa Manchester, dera lomwe kuli Ayuda ambiri, ndipo mawuwo ndinali ndikuwamva kale mmafilimu aku America koma sindinali nditawamvapo akutuluka pakamwa pa munthu amene anawayamwira kunyumba kwawo. Ndikupukuta pansi paja iwo anapitiriza, amvekere bambo awo anachokera ku Lithuania ndipo ankati klots, ndi o, osati mmene azungu amatchulira ngati klats, ndipo bambowo akati klots nthawi zambiri ankanena chipika chenicheni, chija amawazirapo nkhuni kuseli kwa nyumba.

Kuyambira tsiku limenelo mawu amenewa sanandichoke mmutu. Ine maganizo anga ndi oti Chingerezi chinachita bwino kuwabwereka, ndipo chinachita bwino kwambiri kuwafewetsa, chifukwa anapatsa munthu wogwetsagwetsa zinthu njira yodzitchulira popanda kudzinyoza. Pali zifukwa zingapo zomwe munthu angandisutsire ndipo zina ndi zomveka ndithu, ndizifika, koma tiyambe ndi komwe mawuwa anachokera chifukwa ambiri amene amawanena sadziwa nkomwe kuti ndi obwereka.

Anachokera ku Chiyidishi, chilankhulo cha Ayuda aku Ulaya, makamaka a chapakati ndi kummawa, ku Poland, Lithuania, Ukraine, Belarus, Romania, Hungary uko. Chili ndi zaka pafupifupi 1,000. Thunthu lake ndi Chijeremani chakale, koma mkati mwake muli mawu ambiri a Chiheberi ndi Chiaramu, muli ena ochokera ku Chipolishi ndi zilankhulo zoyandikana nacho, ndipo chimalembedwa ndi zilembo za Chiheberi, kuyambira kumanja kupita kumanzere. Mawu oti klots ndi pachibale ndi Klotz wa Chijeremani, onse akunena chipika, chimtengo chodula cholemera chomwe chimangoti phii pomwe mwachisiya. Kuchoka pa chipika kufika pa munthu si patali, ngakhale ife munthu akangokhala duu osathandiza kalikonse timati wangokhala ngati chitsa. Nde mu Chiyidishi munthu akakutchula klots sikuti akukusisita ayi, akuti ndiwe cholemera, thupi ndi mutu womwe, chinthu chongotchinga njira. Alinso ndi mawu ena oti klots kashe, funso lachipika, funso looneka lopusa lomwe munthu amangoliponya pakati pa zokambirana zonse nkuima.

Mawuwa anawoloka nyanja ndi anthu. Pakati pa 1881 ndi 1924 Ayuda opitirira 2 miliyoni anachoka kummawa kwa Ulaya kupita ku America, kuthawa umphawi komanso ziwawa zowaotchera nyumba ndi kuwapha zomwe zinabuka Alexander II mfumu ya Russia itaphedwa mu 1881. Ambiri anatsikira pa Ellis Island, chilumba cholandirirapo anthu olowa mdzikolo chomwe anatsegula mu 1892, nkukathithikana ku Lower East Side mu New York, mtizipinda tothina, ntchito yake kusoka zovala usana ndi usiku. Anali ndi nyuzipepala zawo, Forverts inayamba mu 1897, anali ndi zisudzo zawo, zonse mu Chiyidishi. Mu 1924 boma la America linakhwimitsa lamulo lolowera mdziko ndipo mtsinje wa anthu uja unaphwa, ana obadwira konko anakula akulankhula Chingerezi kusukulu ndi pamsewu, Chiyidishi chinatsalira kukhitchini, pakamwa pa mayi ndi agogo. Koma mawu akukhitchini ndi amene safa msanga. Mwana akhoza kuiwala galamala yonse koma saiwala zimene mayi ake ankamukalipira nazo atagwetsa mbale.

Ana amenewo ena anadzakhala akatswiri a nthabwala. Kumapiri a Catskills, kumpoto kwa New York, kunali mahotela omwe mabanja a Chiyuda ankapitako nthawi yotentha, ndipo kumeneko ndi komwe anthu ngati Sid Caesar, Mel Brooks ndi Jerry Lewis anaphunzirira ntchito ali anyamata. Jerry Lewis makamaka, ntchito yake yambiri inali yomweyi, kupunthwa, kugwa, kuswa zinthu, thupi lokana kumvera mwini wake. TV itafala anthuwa analowa mnyumba za Amereka onse ndi mawu akwawo omwe, nde pofika mzaka za mma 1960 klutz anali akumveka pakamwa pa anthu oti sanaonepo mkati mwa sunagoge. Mu 1968 Leo Rosten anatulutsa buku lake The Joys of Yiddish lofotokozera owerenga Chingerezi mawu oterewa, ndipo linagulidwa kwambiri. Panjira ponsepa mawu aja anasintha kalembedwe, o anasanduka u, anasinthanso kulemera. Zaumbuli zija zinatsalira mmbuyo, chinatsala ndi manja ndi miyendo basi.

Apa ndi pomwe pali nkhani yanga yeniyeni. Chiyidishi chimasiyanitsa bwino anthu amene zinthu siziwayendera. Pali shlemiel, pali shlimazl, ndipo eni ake amafotokoza kuti woyambayo ndi amene amataya msuzi pomwe wachiwiriyo ndi amene msuziwo umamutayikira pamiyendo, wina ndi wosalongosoka pa moyo wake wonse, wina ndi watsoka chabe. Klutz wa mu Chingerezi si onsewa. Akhoza kukhala dokotala wanzeru, mphunzitsi wabwino, mayi wosamala ana ake kwambiri, kungoti akadutsa pafupi ndi tebulo chigongono chimakankha botolo, akatsika masitepe phazi limaphonya yomaliza, foni yake sikirini inasweka kale kachitatu. Mawuwa amalekanitsa manja ndi mutu, amalekanitsanso manja ndi mtima. Sakunena kuti ndiwe wopusa, sakunena kuti sulabadira. Ndipo chinthu chomwe ndachiona nkukhala kuno ndi choti nthawi zambiri munthu amadzitchula yekha, akangogwetsa chinthu amanena msanga anzake asanayambe, ndipo akatero nkhani imathera pomwepo, wina amakatenga mopu, basi. Chingerezi chinali ndi mawu ake kale, clumsy alipo, oaf alipo, koma loyambalo ndi louma ngati la mulipoti la kusukulu ndipo lachiwirilo ndi mwano weniweni, palibe amadzitchula choncho akumwetulira.

Chifukwa chomwe zimenezi zimandikhudzira ndi mng'ono wanga. Tinakulira nyumba imodzi, iye anali mwana wogwetsa zinthu. Ndikukumbukira tsiku lina akuchokera kumjigo ndi kandowa kakang'ono, mtunda wonse anayenda bwinobwino akuyang'ana pansi, milomo ataluma, manja onse awiri atagwira ndowa, anafika pakhonde penipeni nkupunthwa pa kamwala koti tonse tinkakadumpha osaganiza, madzi onse khuthu, ndowa nkung'aluka pansi. Anakwapulidwa. Anakwapulidwanso chifukwa cha mbale yadothi ya alendo, chifukwa cha galasi la nyali, chifukwa cha mazira. Zingwe za nsapato anadziwa kumanga mochedwa kwambiri ndipo ankazibisa mkati mwa nsapato kuti anzake asaone, mabatani a yunifolomu ankaphonya limodzi pafupifupi mmawa uliwonse, kusukulu aphunzitsi ankanyamula kope lake mmwamba kuti kalasi yonse ione kalembedwe ngati padutsa nkhuku, pomwe masamu ake mkatimo anali okhoza. Pa mpira ankamuika pagolo, kenako anasiya kumuitana.

Tsono mawu amene tinkamunena nawo ndi ati? Wosasamala. Waphuma. Chitsiru. Maso uli nawo ngati? Manja akowo ali ndi mabowo? Ukuchitira dala iweyo. Taonani bwino, onsewa ndi milandu. Onse akunena kuti mwanayu akanafuna akanatha, ndiye kuti vuto ndi khalidwe, ndipo mankhwala a khalidwe kwathu timawadziwa tonse. Ine ndemwe ndinkamunena nawo, ndipo zimandiwawa mpaka lero chifukwa ndikakumbukira nkhope ija ya pamjigo, panalibe mwana wosamala kuposa iye pamudzi ponse, ankasamala mpaka thukuta, manja okhawo ndi amene sankamumvera. Makolo athu sanali ankhanza ayi, mbale inali ndalama, galasi la nyali linali ndalama, ndipo pamene ndalama ikusowa chinthu chikasweka mtima umapsa msanga. Koma tikanakhala ndi dzina limodzi lokha lonena kuti uyu ndi mmene analengedwera, dzina lopanda mlandu mkati, ndikukhulupirira zikoti zina sizikanamupeza.

Madokotala masiku ano ali ndi dzina la vuto lotere likakula, amati dyspraxia, kapena developmental coordination disorder, ubongo umavutika kulinganiza bwino kayendedwe ka thupi ngakhale nzeru zili bwinobwino, ndipo amati mwa ana 100 a msinkhu wa sukulu pamapezeka 5 kapena 6 otere. Ganizirani kalasi ya pulayimale yodzadza mmene zimakhalira, ndiye kuti mkalasi iliyonse alimo angapo. Daniel Radcliffe, mnyamata uja anatchuka ndi mafilimu a Harry Potter, ananena poyera mu 2008 kuti ali nalo pang'ono ndipo zingwe za nsapato zimamuvuta. Sindikumuika matenda mng'ono wanga, ine si dokotala, ndipo si aliyense wogwetsa kapu amene ali ndi dyspraxia. Chomwe ndikunena nchoti pakati pa mawu a kuchipatala, omwe munthu wamba sangawatchule patebulo, ndi mwano womwe umapweteka, pamafunika mawu apakati, a tsiku ndi tsiku, ndipo klutz anakhala pamalo pamenepo.

Umboni woti mawuwa anafewadi ndi kampani ina yosindikiza mabuku a ana yomwe inadzitcha dzina lomwelo, Klutz, inayambira ku Palo Alto ku California mu 1977, anayambitsa ndi John Cassidy ndi anzake awiri. Buku lawo loyamba, Juggling for the Complete Klutz, linali lophunzitsa masewera aja oponya zinthu zitatu mmwamba nkumaziwakha mosinthanasinthana, ndipo linkabwera ndi timatumba titatu tomangirira kubukuko. Phunziro loyamba mbukumo ndi kugwetsa, kuponya timatumba tija nkutisiya tigwe pansi, kuti uzolowere, chifukwa uzigwetsa kambirimbiri. Linagulidwa mamiliyoni ndipo kampaniyo inadzagulidwa ndi Scholastic, kampani yaikulu ya mabuku a ana, mu 2002. Palibe munthu wamalonda angalembe mwano pachikuto nkumayembekeza kuti makolo agulire ana awo. Analemba chifukwa ankadziwa kuti anthu ambiri akaona mawuwo amadziona okha ndipo sakhumudwa.

Tsopano zondisutsa. Choyamba, ndipo ichi ndimachivomereza ndithu, mawuwa ndi abwino pakamwa pa mwini wake koma pakamwa pa gulu amaluma. Chitsanzo chake ndi Gerald Ford, pulezidenti wa America kuyambira 1974 mpaka kumayambiriro kwa 1977. Mu June 1975 akutsika ndege ku Salzburg ku Austria, kunja kukugwa mvula, anaterereka pamasitepe nkugwa makamera akujambula. Chaka chomwecho pulogalamu yanthabwala ya pa TV ya Saturday Night Live inayamba ndipo woseketsa wina, Chevy Chase, ankamuyerekeza pongogwa ndi kugwetsa zinthu, osavutika nkomwe kusintha nkhope kapena mawu, kugwa kokhako kunali kokwanira kuti anthu adziwe akunena ndani. Dzina linamumatirira. Pomwe munthuyu anali mmodzi mwa apulezidenti odziwa masewera kwambiri omwe dzikolo lakhala nawo, anasewera mpira wa ku America uja mu timu ya yunivesite ya Michigan yomwe inatenga ukatswiri mu 1932 ndi 1933, matimu a Detroit Lions ndi Green Bay Packers anamufuna iye nkukana, anapita ku Yale komwe anaphunzira zamalamulo. Zonsezo zinafufutika ndi masitepe onyowa. Ndipo choipa kwambiri nchoti kwa iye tanthauzo lakale lija la chipika linabwerera, anthu anayamba kuona ngati wopunthwa miyendo ndi wopunthwanso mutu. Nde inde, mawu ofewa akhoza kusanduka chikoti china. Koma taonani kuti cholakwika apa si mawuwo, ndi chizolowezi chomwe chija cha pamjigo, chogamula munthu yense ndi kamphindi kamodzi komwe thupi lamuchititsa manyazi. Akanapanda klutz akanapeza mawu ena, mwina oipa kuposa.

Chachiwiri ndi choti ena amabisalamo. Munthu waswa chinthu cha mnzake kachinayi, osapepesa, osabweza, kungoti mukundidziwa kale ine. Ayi, zimenezo sindikuikira kumbuyo. Amene akudziwa kuti manja ake ndi oterera ndiye ayenera kuchenjera kwambiri, asanyamule makapu asanu nthawi imodzi, asaike tiyi pafupi ndi kompyuta ya mnzake, akaswa abweze. Agogo aja sankalola kuti ndiwadzazire kapu, ankati theka basi, ndipo ankaigwira ndi manja awiri. Kudziwa dzina la vuto lako kumakuthandiza kukonza moyo mozungulira vutolo, sikukuchotsera udindo.

Chachitatu ndachiphunzira pantchito ndipo ndikufuna muchimve bwino abale anga. Pali kusiyana pakati pa munthu amene wakhala wogwetsa zinthu moyo wake wonse ndi munthu amene wayamba dzulo. Bambo kapena mayi amene anali wa manja okhazikika nde mwadzidzidzi supuni ikumupulumuka, mwendo ukukokeka, mbali imodzi yafooka, pakamwa papotoka kapena mawu akutuluka molemera, ameneyo si klutz ayi, ikhoza kukhala sitiroko ndipo akufunika chipatala nthawi yomweyo, osati mawa. Kunjenjemera kwa manja komwe kukubwera pang'onopang'ono kukhoza kukhala Parkinson's, kupunthwapunthwa kukhoza kukhala maso, shuga yomwe yapha mitsempha ya kumapazi, kapena mankhwala amene akumwa. Ife kuntchito munthu akagwa timalemba, olo atanena yekha kuti palibe kanthu, ndipo tsiku la kapu lija ndinalemba ngakhale agogo anandiuza kuti akhala choncho kuyambira kale. Mawu ofewa asatseke maso a anthu. Pamenepa ndiye malire a mawuwa, ndipo ndimawalemekeza malirewo.

Palinso aja okonda Chingerezi choyera, amene amati awa ndi mawu a pamsewu, madikishonale omwe amawaika mgulu la mawu ocheza, osayenera mkalata ya kuofesi. Chabwino, musalembe mkalata ya kuofesi. Koma zoti mawu obwereka amadetsa chilankhulo ine sindigwirizana nazo olo pang'ono, ndipo ife ndife anthu omaliza kunena zimenezo, nsapato zomwe tavala ndi mbatata zomwe tadya mmawa mayina ake tinatenga kwa Apwitikizi, sukulu, buku, tebulo tinatenga kwa Angerezi, ndipo palibe amaona ngati ndi alendo. Chilankhulo chimabwereka pomwe pali mpata. Chingerezi chinali ndi mpata wa dzina lalifupi, lomveka ngati chinthu chikugwa, loti munthu anganene za iye yekha, Chiyidishi chinali nalo, anakumana mu New York. Komanso tamvani kamvekedwe kake, k ndi l kugundana koyambirira, ts kumapeto ngati mbale yafika pasimenti. Mawu ena amachita kufotokozedwa, awa amadzifotokoza okha.

Koma pali ngongole, ndipo iyi ndi yomwe imandilemera kuposa zonse ndatchulazi. Taonani mawu a Chiyidishi amene Chingerezi chinatola: klutz, schlep kunyamula chinthu movutikira, kvetch kudandauladandaula, chutzpah kulimba mtima kopanda manyazi, schmooze kucheza konyengerera, nosh kudya tizakudya, bagel kamkate kabowo pakati kaja. Pafupifupi onse ndi a nthabwala, a zakudya kapena a madandaulo, chifukwa analowa kudzera pasiteji ya anthu oseketsa. Zotsatira zake anthu ambiri amaganiza kuti Chiyidishi ndi kachilankhulo koseketsa, thumba la mawu achilendo oti uziwazako pocheza ngati mchere. Pomwe nkhondo yachiwiri isanayambe chinkalankhulidwa ndi anthu pafupifupi 11 miliyoni, chinali ndi masukulu, manyuzipepala a tsiku ndi tsiku, ndakatulo, mabuku a sayansi, bungwe lofufuza la YIVO lomwe linakhazikitsidwa ku Vilna mu 1925. Mwa Ayuda 6 miliyoni amene a Nazi anapha, ochuluka kwambiri anali olankhula Chiyidishi. Mizinda yathunthu inatsala yopanda munthu woti ayankhe moni mchilankhulocho. Ku Soviet Union pa 12 August 1952 boma la Stalin linapha Ayuda 13 otchuka, ena mwa iwo alakatuli ndi alembi akuluakulu a Chiyidishi. Ku Israel anasankha Chiheberi, ku America ana anasankha Chingerezi. Nde pa nthawi yomwe klutz ankalowa pa TV anthu nkumaseka, chilankhulo chomwe chinamubereka chinali pamaliro.

Sindikunena kuti musamagwiritse ntchito mawuwa, kapena kuti muziwatchula mutagwira chipewa mmanja. Eni ake omwe amawanena akuseka, ndipo kuseka kumeneko ndi mbali ya momwe anapulumukira. Ndikungoti tidziwe kuti kuseli kwa kamawu kamodzi kali ndi mudzi wonse. Isaac Bashevis Singer analandira mphoto ya Nobel mu 1978 polemba mu Chiyidishi, osati nthabwala zokha, nkhani za chikondi, chikhulupiriro ndi imfa. Mu 1980 mnyamata wina wophunzira, Aaron Lansky, ataona kuti mabuku a Chiyidishi akutayidwa kudzala chifukwa ana a eni ake satha kuwawerenga, anayamba kuyenda khomo ndi khomo kuwatolera, ndipo bungwe lomwe anayambitsa, Yiddish Book Center ku Amherst, Massachusetts, lapulumutsa mabuku opitirira 1 miliyoni. Komanso chilankhulochi sichinafe ayi, ku Williamsburg ndi Borough Park mu Brooklyn, ku Stamford Hill mu London, ku Antwerp, ku Bnei Brak, ana a mabanja a Chihasidi, Ayuda osunga chipembedzo mwamphamvu, akusewera ndi kukangana mu Chiyidishi lero lomwe. Anzathu amene muli ku Johannesburg ndi Cape Town, Ayuda ambiri akumeneko makolo awo anachokera ku Lithuania komwe kuja kwa bambo a agogo akuntchito aja, nde mukamva abwana kapena kasitomala akuti klutz kapena schlep mudziwe kuti mwina sanatole mufilimu, anamva kwa agogo ake.

Ife amene ana athu akukulira kunja nkhani imeneyi tiyenera kuimva mkati. Ndaona ana a anzanga kuno Chichewa chawo chatsala mawu khumi, nsima, agogo, iwe, tiye, khala pansi, ndi mawu awiri atatu okalipira. Ndi mmene zinayambira ku Lower East Side. Mawu akukhitchini ndi amene amatsala, nde funso lomwe limandivuta ndikamawamva makolo akukalipa ndi loti mwa mawu khumi amenewo angati ndi achikondi. Ana a Ayuda aja anatenga chipika chomwe ankatukwanidwa nacho nkuchisema mpaka chinakhala chinthu choti munthu angachinyamule yekha osamva kuwawa, koma zinatenga mibadwo, ndipo oyambawo chipikacho chinawagwera ndithu.

Kodi ndikufuna klutz alowe mu Chichewa? Ayi, sindikuona akukhala bwino pakamwa pathu, tikanamuika mavawelo mpaka kumveka kwa kugwa kuja kukanatha. Manja oterera alipo kale, anthu amanena, kungoti timawanena tikukalipa. Tikhoza kuwanena mwanjira ina, ndi mawu otsika, mwana akuyang'ana zidutswa pansi ndi mantha, tikhoza kuti pepa, manja ako ndi oterera, tenga tsache, ulendo wina gwira ndi awiri. Nkumupatsa kapu yapulasitiki mmalo mwa chikoti, nkumusiya atunge theka la ndowa maulendo awiri, nkuuza aphunzitsi kuti ayang'ane yankho osati kukongola kwa zilembo zokha.

Mng'ono wanga pano ndi bambo wa ana atatu, amasunga mabuku a ndalama pa shopu ina yogulitsa zipangizo zomangira, pa kompyuta, komwe kalembedwe sikamuvutitsanso, ndipo nsapato amagula zopanda zingwe mpaka lero. Usiku wa tsiku la kapu lija ndinamuimbira pa WhatsApp nkumufotokozera za agogo aja, za chipika, za New York, zonse, kenako ndinamupepesa za ndowa ija ndi zina zomwe ndinkamunena tili ana. Anakhala chete kanthawi ndithu mpaka ndinaganiza kuti netiweki yadula. Kenako anandiuza kuti wachiwiri wake, wa sitandade 3, wayamba kale kubisa zingwe mkati mwa nsapato, ndipo iye anaona sabata yatha koma sananene kanthu kwa mayi a mwanayo chifukwa sanadziwe ayambira pati. Anati ndimulembere mawuwo pa meseji awaone mmene amalembedwera. Mmawa mwake ndinawafunsa agogo kuti ndilembe ndi u kapena ndi o, iwo anati ndilembe onse awiri, wa o ndi wa bambo awo, ndipo anandiuza ndiwadzazire kapu theka.